Kukuwa kwa Amalume m'Chigafa

Okondedwa omvera, ndine mnyamata wa folomu 3 kuno ku Msundwe. Ndimajambula mafilimu oopsa pafoni, ndipo nyimbo zake ndimapeka ndekha. Vuto linali lakuti anzanga akamakuwa mufilimu, anthu ankangoseka.

Tsiku lina masana ndinadzola phulusa n'kulendewera chadodolido pakati pa fodya m'chigafa, foni ikujambula. Atalowa amalume, omwe amati saopa kanthu, ndinangoti, "Mwaswera bwanji?"

Anakuwa mpaka mbuzi inadula chingwe!

"Iwe, fufuta zimenezo, apo ayi foniyo ndiponya m'chimbudzi!"

Ndinawachonderera amalumewo kuti akaonere kaye filimuyo kunyumba yoonetsera vidiyo. Anthu atayamba kuwaombera m'manja, anaimirira n'kunena kuti, "Mukuyesa ndinaopadi? Limeneli ndi luso!"

Kupepesa sindinapepese ayi. Kodi munthu amapepesa atatulukira katswiri?