Tsiku Limene Anakuwa Moto Weniweni

Malemu, amene ndi achimwene anga a bere limodzi, anabadwa pa 9 Malichi 1950 m'nyumba za ogwira ntchito kunjanji, mzere wachitatu kuchokera pampope. Anali oyamba m'banja la ana asanu. Ine ndikuwerengane ndine wachitatu, ndipo kuyambira lero ndatsala ndekha.

Atsogoleri a mpingo, anamfedwa anzanga, ndi nonse mwabwera kudzakhuza malirowa, mundikhululukire. Pepala lotayipa bwino limene a komiti ya maliro anandipatsa dzulo ndalisiya kunyumba. Likungonena kuti malemu anali mlonda wokhulupirika, basi. Ndalemba langa m'kope la sukulu ndi dzanja langa la Sitandade 4, ndipo sindinapatse munthu kuti andikonzere, chifukwa m'tauni muno wokukonzera kalata ndi yemwenso amakaiulula. Muli nkhani m'kopemu imene yakhala pakhosi panga zaka 37. Ndikuopa kuinena.

Mu 1957 malemu anayamba sukulu, ndipo analekeza Sitandade 6 mu 1964, bambo athu atavulala pantchito. Gitala anaphunzirira pa ya munthu wina wothira malasha m'sitima, amene ankagona kwathu. Munthuyo atasamuka anawasiyira gitalayo ili ndi nsambo zinayi.

Mu 1967 anayamba kuimba mu holo ya anthu a kunjanji. Ana a lero simungaidziwe. Pansi panali matabwa opakidwa kandulo kuti nsapato ziziterera, ndipo wopanda jekete ndi tayi ankabwezedwa pakhomo ngakhale akhale kapitawo. Ine ndinalowa m'bandi yawoyo patapita zaka ziwiri, pang'oma, chifukwa malemu anati phokoso limene ndinkachita ndi mbale za amayi likhale ndi phindu.

Mu 1971 tinalembedwa ntchito ku hotela yaikulu ya pafupi ndi siteshoni. Kumeneko woimba ankalowera kukhitchini ndi kudyera pafupi ndi migolo ya zinyalala. Anatiuza kuti tiziimba motsitsa, tisayang'ane akazi a alendo m'maso. Tsiku lina manijala anabweretsa pilo nkuiika m'ng'oma yanga yaikulu. Malemu anamufunsa mwaulemu ngati abweretsenso bulangete kuti ng'omayo igone bwino. Mawa lake tinalibe ntchito.

Mu 1974 tinalandiridwa ku bala ya Mayi Andolo, kuseri kwa msika, malo otchingidwa ndi malata, pansi pali dothi. Kumeneko ndi kumene tinaphunzira lamulo la ntchito yathu, loti bandi siima. Ndewu ikabuka, onjezani. Botolo likauluka, weramani koma manja asasiye. Mayiwo ankati nyimbo ikangoduka, anthu amakumbukira adani awo. Kumenekonso ndi kumene malemu anayambitsa mfuwu wawo uja. Nyimbo ikafika pokoma ankayandikira maikolofoni nkukuwa kuti, "Moto!" Ovina onse ankayankha kuti, "Uyake!" Ine apo ndinkaphulitsa ng'oma ndi mphamvu zanga zonse. Mfuwuwo unafalikira tauni yonse, mpaka makondakitala a mabasi ankawakuwira pamsewu, ndipo dzina lawo lenileni linaiwalika. Anangokhala a Moto.

Pa 12 Juni 1976 anamanga banja ndi alamu anga akhala apawa, amene panthawiyo anali telala. Ndi iwo anatisokera malaya a bandi. Ife tonse anatiyeza kamodzi, koma malemu anawaitana katatu, ati muyeso ukusowa. Mulungu anawadalitsa ndi ana asanu ndi mmodzi, awiri anatsogola.

Kuyambira 1979 mpaka 1983 tinkaimba mu kanema wakale, atachotsamo mipando. Nthawi imeneyo malo okhala ndi bandi yawoyawo m'tauni muno anali khumi ndi anayi. Loweruka munthu unkayenda kuchokera kusiteshoni mpaka kumsika nyimbo osakuthera m'khutu, ina ikamazilala ina ikukulandira. Oimba tinkadziwana tonse, tinkabwerekana nsambo ndi kuberana oimba lipenga.

Mu 1984 tinasamukira ku malo amene anthu ankawatcha Pamwamba, chifukwa anali pamwamba pa sitolo ya penti. Mwini wake anali bwana amene tonse tinkamutcha a Magalasi. Ali moyo, ndipo ndikudziwa kuti a komiti awasungira mpando kutsogolo kuno. Malowo anali ndi njira ziwiri. Kutsogolo kunali masitepe opapatiza, okwana munthu mmodzi, ogulitsira matikiti. Kumbuyo kunali chitseko chotulukira ku masitepe achitsulo, ndipo chitsekocho chinali kumsana kwanga, kuseri kwa ng'oma. Achinyamata opanda tikiti ankazembera kumeneko. Choncho mu 1986 abwanawo anakulunga tcheni pazogwirira za chitsekocho nkuika loko, kiyi nkumayenda naye m'thumba mwawo. Malemu anadandaula kawiri ine ndikumva. Anayankhidwa kuti, "Inu imbani gitala, za zitseko asiyireni eni ake."

Tsopano ndafika pa Lamlungu, pa 18 Okutobala 1987. Inali dansi ya masana, imene inkabwera ana a sekondale ndi atsikana ogwira ntchito m'nyumba za anthu, pa tsiku lawo lopuma. Munadzaza. Cha m'ma 4 koloko tili pakati pa nyimbo, malemu anaona utsi ukutuluka m'mipata ya matabwa, kutsogolo kwa siteji. Unkachokera pansi, m'sitolo ya penti muja. Anathamangira pa maikolofoni nkukuwa kuti, "Moto!"

Anthu onse anayankha kuti, "Uyake!"

Malemu anakuwanso kachiwiri, mawu atasintha, akuloza pansi ndi dzanja. Anthu anayesa kuti akuwauza avine chotsika, ndipo anatsikadi, akuseka. Ine ndinaphulitsa ng'oma monga ndinkachitira masiku onse. Malemu anatembenuka kundiyang'ana, nkukuwa kachitatu pamaso panga, koma ine ndinawasekerera nkuonjeza, poti bandi siima. Mpaka anataya gitala pansi nkuzula waya wa magetsi pakhoma. Mutakhala zii, m'pamene tinamva kuphulika kwa zitini pansi pathu.

Masitepe a kutsogolo anali atagwira kale moto. Anthu onse anathamangira kwa ine, kuchitseko chija, nkupeza tcheni. Malemu anamenya loko ndi chitsulo cha maikolofoni mpaka chinapindika, kenako anagwira tcheniyo ndi manja ili yotentha. Amene anatipulumutsa ndi amakanika a galaja ya kuseri, amene anakwera masitepe achitsulo nkuswa chitseko ndi nyundo. Anafa anthu khumi ndi atatu. Asanu ndi anayi anafera pachitseko pomwepo, pamwamba pa ng'oma zanga. Kiyi anali kutali, m'thumba la munthu amene anali kupumula kunyumba kwake.

Mlonda wa pakhomo, amene tinkamutcha Chimphona, anayamba kunena za tcheniyo m'mabala. Mwezi wotsatira anapezeka atafa m'ngalande kuseri kwa msika. Anati anagweramo ataledzera. Tonse tinkadziwa kuti Chimphona sankalawa mowa. Patapita masiku atatu, kunyumba kwanga kunabwera amuna awiri ovala bwino. Sanandiopseze ayi. Anakhala pamipando yanga, nkuyamikira mwana wanga wamkazi kuti ndi waulemu, nkunditchulira sukulu yake, kalasi yake, ndi njira imene amadzera pobwerera.

Pa 3 Disembala 1987 ndinaitanidwa pamaso pa akuluakulu ofufuza za ngoziyo. Malemu anali akadali m'chipatala, manja ali m'mabandeji. Ndinanena kuti ampulifaya ya malemu, yokuzira mawu a gitala, inkakonda kutulutsa utsi, ndipo moto unayambira pamenepo. Ndinanena kuti chitseko cha kumbuyo chinangolimba chifukwa cha kukankhana, tcheni sindinaione. Ndinasaina. Nyuzi zinalemba kuti woimba anaseweretsa mawu oopsa mpaka anapha ana a eni. Amayi ena anawalavulira malemu pamsika. Ena mwa inu muli pano munkawoloka msewu mukawaona, ndipo ndikukudziwani, ngakhale lero mwavala zakuda.

Malemu anamva zonse zimene ndinanena. Sanandifunse. Tsiku lotuluka m'chipatala anangondiuza kuti, "Mng'ono wanga, uli ndi ana." Mawu amenewo andipweteka kuposa mmene mbama ikanandipwetekera.

Mu 1988 abwana omwewo anawalemba ntchito ya ulonda ku nyumba yawo yosungira katundu, nkuwapatsa kanyumba ka zipinda ziwiri kuseri kwake, kopanda pepala lililonse. Anthu anatama chifundo chawo. Sichinali chifundo. Munthu wogona m'nyumba ya mwini, ana ali asanu ndi mmodzi, salankhula. Malemu analondera zaka 29. Zala zawo zinapinimbira ndi zipsera, gitala sanaigwirenso. Ndipo mawu aja sanawatchulenso ngakhale m'nyumba. Akafuna kuti alamu anga ayatse mbaula ankangoti, "Mayi a ana, kodi zija simuyamba?"

Malo onse ndatchulawa anatha iwo akuona. Holo ya njanji inasanduka tchalitchi mu 1995. Hotela inagwetsedwa mu 2003. Mu kanema muja amagulitsamo matayala akale. Kwa Mayi Andolo amatsukirako magalimoto. Eni mabala anapeza kuti munthu mmodzi wokhala ndi makina oikira nyimbo amadya pang'ono kuposa oimba asanu ndi awiri. Pamwamba anapamanganso, lero amagulitsapo mafoni, ndipo palibe ngakhale kachikwangwani konena kuti pamenepo panafera anthu. Amene ankadziwa anafa mmodzimmodzi. Wa lipenga anapita, wa besi anapita, amakanika aja anapita. Aliyense akaikidwa, mantha anga ankakula, chifukwa otsala odziwa za tcheni tinkachepa.

Mu Febuluwale 2024 malemu anagwidwa sitiroko, mbali ya kumanja inafooka. Pa 27 Julayi anagonekedwa m'chipatala ndi chibayo. Lachitatu masana ndili pambali pawo, thupi litatentha, anadzuka mwadzidzidzi nkukuwa mawu aja koyamba pa zaka zonsezi. Anamwino anathamanga. Koma nkhalamba ina yodwala pabedi la pakona, imene iyenera kuti inavinapo kale nyimbo zathu, inadzutsa mutu nkuyankha mokondwa kuti, "Uyake!" Malemu analira ngati mwana. Atakhazikika anandigwira dzanja, nkunena movutika kuti, "Ukanene za tcheni." Anatisiya Lachisanu pa 2 Ogasiti 2024, m'ma 10 koloko m'mawa, ali ndi zaka 74.

Choncho ndikunena, pamaso pa bokosi lawo ndi pamaso pa Mulungu. Ampulifaya ya malemu inalibe vuto. Moto unayambira m'sitolo ya pansi. Chitseko cha kumbuyo chinamangidwa ndi tcheni ndi loko, anamanga ndi eni malo, ndipo ine ndinkaitsamira tcheniyo sabata iliyonse kwa chaka chathunthu. Malemu ndi okhawo amene anayesa kuchenjeza anthu. Amene anaphimba mawu awo ndi ng'oma ndi ine. Amene ananama pamaso pa akuluakulu ndi ine. Abale a ana khumi ndi atatu aja, ngati mulipo, malovu anu anagwera munthu wosalakwa.

Malemu asiya mkazi, ana anayi, amuna awiri ndi akazi awiri, adzukulu khumi ndi mmodzi, ndi ine mng'ono wawo.

M'malo mwa banja ndithokoze anamwino a wodi ya amuna, amene anawasamalira osanyinyirika. Ndithokoze amayi a mpingo amene agona nafe masiku atatu, anansi amene abwereka mipando, ndi oimba achinyamata amene abwera ngakhale sanawamvepo malemu akuimba. Bokosi ili agula ndi ana a abwana aja. Mwambo umati tithokoze, ndiye ndathokoza. Koma lisatengedwe ngati loko wina.

Tikudziwa chimene chimatsatira mawu ngati awa. Alamu anga ndinawawerengera kopeli usiku wa Loweruka, ndipo anati ndisachotsemo kanthu. Katundu wawo anatuluka m'kanyumba kaja dzulo pa ngolo, ali kwa mwana wawo wamkulu. Makiyi ake ndi awa, ndikuwaika patebulo pano, eni ake atenge anthu akuona, kuti pasabwere wina kudzawafuna kunyumba. Zimene ndawerengazi ndazilemba m'makope atatu, ndipo awiriwo ali m'manja mwa anthu amene sindiwatchula. Ine sindimwa mowa, sindiyenda m'mbali mwa ngalande, ndipo mtima wanga adokotala anauyeza mwezi wathawu, uli bwino. Mukamva zina za ine, mukumbukire kuti ndinanena izi pano. Ndipemphe amuna awiri kapena atatu, osati a komiti, andiperekeze pochoka kumanda.

Achimwene, ndanena. Mochedwa, koma ndanena. Mzimu wanu uuse mumtendere umene ine ndinakumanani muli moyo.