Mthunzi wa Koko wa Bambo Crisanto

Malemu bambo athu, a Crisanto Olán, anabadwa pa 3 Meyi 1956 konkuno ku Comalcalco, m'munda wa koko uli kuseri kwa nyumbayi. Ndikuwerenga mbiriyi ndine Nereida, mwana wawo woyamba. Khanda langali likalira mundipirire.

Sukulu anangoilawa, agogo n'kuwapatsa chikwanje. Mu 1981 anakwatira mayi athu, a Eulalia, omwe anatisiya mu 2010. Moyo wawo wonse unali wa koko: kuthyola, kuvundika njere m'mabokosi, kuyanika, kukazinga, kupera pamwala. Ankati, "Makolo athu ankagulira zinthu njere zimenezi ngati ndalama, lero anthu akutali akuzikulunga m'pepala lonyezimira n'kudzatigulitsa ife eniakefe." Chokoleti cha m'sitolo sankachilawa n'komwe. Ankachitcha shuga wovala jekete.

Mu 2005, matenda oola zipatso atafika, anzawo ambiri anagwetsa koko n'kudzala msipu wa ng'ombe. Iwo anakana. Ankayenda mtengo ndi mtengo kuchotsa zoola ndi manja.

Anayamba kudwala impso mu Januwale chaka chino. Ali m'chipatala ku Villahermosa, bambo athu aang'ono, a Fidencio, omwe akhala kutsogoloku, analowa kumunsi kwa munda ndi makina ocheka n'kuyamba kugwetsa mitengo ya mthunzi. Nonse mukudziwa kuti koko wopanda mthunzi amapsa, ndipo akapsa pamatsala malo a ng'ombe. Nditawafunsa anandiseka, amvekere, "Iwe, ndi khanda m'manjamo, ungalime chiyani?" Bambo sitinawauze. Atabwerera kunyumba anadzionera okha pazenera kuti kumunsi kwayera mbee. Kuchokera apo chakudya ankangochiyang'ana. Anamwalira Lachiwiri, pa 14 Okutobala.

Asiya ana atatu, ine, Ubaldo ndi Zoila, komanso zidzukulu zinayi. Asiyanso munda, ndipo ndiulima ine.

Tikuthokoza ansembe athu, ndi amayi amene mwapera chimanga ndi koko kuti anthu amwe. Koko mukumwayo ndi womaliza amene bambo anathyola ndi manja awo. Tikuthokozanso inu bambo aang'ono chifukwa cha matabwa, pakuti bokosi agonamoli ndi la mkungudza munagwetsa uja. Mtengo umenewo ukhale womaliza. Ndanena pamaso pa anthu onsewa. Makina anu ndawaika pakhonde, muwatenge popita.

Bambo, mthunzi wanu mwapita nawo. Wotsalawo ndiusunga. Usani mumtendere.