A Shaba sanaphe munthu

Moni nonse okondedwa mwa Ambuye. Ine ndimalemba mafilimu kuno ku Mzimba, ndipo ntchito yangayi inatsala pang'ono kuwononga mbiri ya munthu wosalakwa.

Anthu anandizolowera ndi mafilimu a nkhani zoona: alimi a fodya akudandaula za msika, ocheka matabwa ku Viphya akusimba za moto. Kenako ndinalemba filimu yopeka, yoopsa, ya mlimi wopha mtsikana n'kumubisa m'chigafa. Amene anasewera ngati mlimiyo ndi a Shaba, mkulu wa mpingo cha ku Edingeni, munthu woti ngakhale nkhuku amasiyira akazi awo kuti azinge. Wosewera ngati wophedwayo anali Tiwonge, mtsikana wa pa saluni pa Boma, wopanda m'bale kuno. Titangomaliza kujambula, Tiwonge anapita ku Joni osatsanzika aliyense, foni yake n'kusiya kugwira.

Wina anadula kachigawo ka m'chigafa kaja n'kumakatumiza pa mafoni. Anthu anati mayi ameneyu salemba zabodza, ndiye kuti a Shaba anaphadi. Nanga mtsikanayo ali kuti?

Ndinapsa mtima, abale. Ndinazungulira midzi pa kabaza kufotokoza kuti magazi aja anali tomato. Ankandimvera mwaulemu, n'kuti, "Yewo chomene, mama," koma ndikangotembenuka ankayambiranso manong'onong'o. Zaka zonsezi ndinkalira kuti anthu azikhulupirira zolemba zanga, iwo n'kudzasankha kukhulupirira bodza. A Shaba anasiya kutuluka pakhomo. Akuluakulu a mpingo anagwirizana zowatsitsa pa udindo Lamulungu lotsatira.

Pemphero langa silinali lokoma ayi. Ndinangoti, "Ambuye, ine pakamwa patopa, lankhulani Inuyo."

Lamulungulo ndinakhala kumbuyo m'tchalitchi. Mlembi wa mpingo atangoimirira kuti alengeze, panja panaima galimoto yonyamula katundu wa ku Joni. Analowa Tiwonge, atanenepa, wigi kumutu. Dalaivala wa galimotoyo, munthu amene sindinamuonepo chikhalire, anali ataona kachigawo kaja pa foni, n'kuzindikira kuti ndi mtsikana amene amamupatsira katundu ku Joniko. Anakamuuza zonse, ndipo anabwera naye.

Tiwonge anagwada n'kunena kuti, "Ndapota, ndikufuna a Shaba amene anandipha aja."

Mayi wina wa chigwirizano cha amayi anamutsina pamkono kuti atsimikize, n'kuti, "Mbwenu ngwamoyo nadi." A Shaba analira ngati mwana, ndipo mlembi anakhala pansi osalengeza kanthu.

Ndikuthokoza Mulungu amene anatumiza mboni pamene mawu anga anali atatha ntchito. Inu amene mukunamiziridwa, ndipo mwafotokoza mpaka malovu kuuma, musagwe mphwayi, pempheranibe ngakhale mutakwiya ngati ine.

A Shaba akadali mkulu wa mpingo. Posachedwa ndinawapempha kuti asewerenso m'filimu yatsopano. Iwo anati, "Chabwino mama, koma ulendo uno wakufa ndikhale ine."